Fumbi la pa Mabuluberi a aNangondo

Nanzikambe ankayamba ntchito mame akangouma. M'mawa wa Lolemba limenelo, mu Novembala wa chaka cha 2068, anali kale pakati pa mizere ya mabuluberi m'munda wa a Maliseni, kumtunda kwa Bembeke, akuponda mwendo umodzi, kudikira kaye, kenako n'kuponda wina. Anali makina othyola zipatso, a msinkhu ngati mwana wa ng'ombe, a miyendo inayi ndi maso awiri amene lililonse linkayang'ana kwake. Dzina lake lenileni linali manambala okhaokha, ndipo panalibe mlimi amene anadzivuta kuliloweza. Anthu anangoona kayendedwe kakeko, dzina n'kupezeka.

Zala analibe. Anali ndi kapaipi kopyapyala ngati bango. Akayang'ana chipatso ankaona mpaka m'kati mwake ngati shuga wakwanira, ndipo chikakhala chakupsa ankachiuzira kamphepo kamodzi kokha, fu! Chipatsocho chinkathothoka n'kugwera pamtsamiro wa mpweya wozizira, n'kuyandama pang'onopang'ono mpaka m'kabokosi kamene kanali pamimba pake. Kuchokera pamtengo mpaka kukafika kwa wogula wa kutsidya kwa nyanja, panalibe dzanja la munthu limene linkachikhudza. Limenelo ndiye linali lamulo la msika.

Atafika pamutu pa mzere woyamba, Nanzikambe anaima. Pamtengo umene unali pamenepo panali patamangidwa kansalu kofiira.

"Mtengo uwu uli ndi zipatso zakupsa," anatero makinawo m'mawu ake osakwera osatsika. "Ndithyole?"

"Umenewo usiye," anayankha a Maliseni, amene ankamutsatira pambuyo, manja kumsana.

"Mawa ndi ulendo womaliza wa chaka chino. Zikatsala zidzaonongeka ndi mvula."

"Ndati usiye, iwe. Kodi mtengowu unabzala ndiwe?"

Nanzikambe anatembenuza diso limodzi, kuwayang'ana, n'kupitirira ku mtengo wina. Ubwino wa makina ndi umenewo, sasunga mangawa.

Makolo a a Maliseni ankalima mbatatesi pamalo omwewa, ndipo iwonso anakulira m'mbatatesi. Mabuluberi anabwera iwo tsitsi litayamba kale kuyera. Ndi tizipatso tating'ono tonga nthudza, ta mtundu wa thambo la mvula, tokonda malo ozizira ndi dothi lowawasa lophimbidwa ndi masamba a paini. Mwayi wa alimi a kumapiri unali nyengo. Kuyambira Seputembala mpaka Novembala mitengo ya maiko a kumpoto imakhala itayoyola masamba, koma anthu ake safuna kumva zimenezo, amafunabe mabuluberi patebulo. Ndiye Lachiwiri lililonse kunkatera chombo chachikulu chamlengalenga choyendera dzuwa, chonenepa, chachikasu, chimene anthu ankachitcha Dzungu. Chinkanyamula zipatso za kopaletivi m'mabokosi ogonetsa, momwe chipatso chimapuma pang'onopang'ono ngati munthu amene ali m'tulo, ndipo pakatha masiku atatu chinkazitsitsa mumzinda wa Rotterdam zili ngati zathyoledwa m'mawa womwewo.

Amene analimba mtima kuyamba ulimi umenewu m'banjamo anali aNangondo, akazi awo. Ndi iwo amene ankapita kumisonkhano ya alangizi, a Maliseni akuti zipatso zosakhutitsa si mbewu. Tsiku lina anabwera ndi kambande m'kachubu, atakakulunga pachitenje ngati khanda, n'kukabzala pamutu pa munda. Mitengo ina yonse ya m'mundamo inachokera ku nthambi za mtengo umenewo. Koma mwini wake anali asanalaweko chipatso chake ngakhale chimodzi. Mtengowo usanabereke, Zione, mwana wawo yekhayo, amene ankagwira ntchito yomanga makoma otchinga nyanja ku Rotterdam komweko, anachira mwana woyamba. ANangondo anapita kukamuthandiza. Anati akakhala miyezi isanu ndi umodzi.

Zinali zitatha zaka zinayi. Mwezi wachisanu anagwa m'bafa ndi sitiroko, ndipo atadzuka mutu unayamba kutaya zinthu, lero dzina la mdzukulu, mawa dzina la mkamwini, kenako dzina la mudzi. Madokotala anati ulendo wa pandege sangaupirire. A Maliseni anapempha chitupa cholowera m'dzikolo kawiri konse osapatsidwa, ndipo chachitatu chinali chidakali pamzere. Masiku amenewo chipatso chinkadutsa malire a maiko m'masiku atatu, koma munthu ankadikira miyezi isanu ndi itatu. Zimenezi zinkawapweteka kwambiri, ndipo Dzungu likamadutsa pamwamba pa munda sankaliyang'ana.

Ankaonana pa kalilole, lamya ya galasi imene inkaonetsa munthu wathunthu, msinkhu wake weniweni, moti ukhoza kuiwala n'kumupatsa dzanja. Poyamba aNangondo ankafunsa za nkhuku ndi za mtengo wawo. Chaka chomalizachi ankangowayang'ana amuna awo mwaulemu, monga umayang'anira munthu wachilendo amene wakhala naye pafupi m'basi.

Loweruka lapitalo Zione anaimba maso ali ofiira.

"Ababa, amayi asiya kudya. Lero ndi tsiku lachisanu ndi chimodzi."

"Nanga makina aja amene umati amadyetsa odwala?"

"Amayi akumazula tipaipi tonse. Akawamanga manja amalira ngati mwana, ndiye ine ndakana kuti aziwamanga. Adokotala akuti thupi likhoza kupirira mwina milungu iwiri, kupitirira apo sangalonjeze."

"Akuti chavuta n'chiyani? Chakudya cha kumeneko?"

"Ndayesa zonse, ababa. Ndaphika phala, ndaphika futali. Amangokankha mbale n'kunena kuti, bambo a Zione sanadye."

A Maliseni anamvetsa nthawi yomweyo. Zaka makumi anayi za banja lawo, aNangondo sanayambepo kudya amuna awo asanatambasule dzanja. Panalibe amene anawalamula, ndipo a Maliseni ankawaseka nazo, koma iwo ankati chakudya sichitsika. Tsiku lomwelo a Maliseni anabweretsa mbale ya mbatatesi patsogolo pa kalilole n'kuyamba kudya mokokomeza, akuitana. "Mayi a Zione, taonani, ndikudya ine!" ANangondo anawayang'ana, kenako anafunsa mwana wawo kuti bambo akudya yekhayekhayo ndi wa kwa yani.

Maganizo a mabuluberi anabwera ndi Zione. Kutumiza chakudya chachiwisi m'chikwama kapena paphukusi kunaletsedwa kalekale, chiyambire matenda a mbewu amene anasakaza minda ya maiko ambiri. Njira inali imodzi yokha, ya msika. Kabokosi kalikonse kankanyamuka ndi chidindo chonena munda ndi mtengo umene zipatsozo zachokera, chifukwa ogula a kumeneko ankakonda kudziwa zimenezi, ndipo munthu ankatha kusungitsa kabokosi kamene wakafuna kadakali m'mwamba. "Munditumizire za mtengo wa amayi," anatero Zione. "Mwina akamva kuti ndi zawo alawako. Ndikakaombola ndekha kusitolo."

Ndiye chifukwa chake kansalu kofiira kaja.

Nanzikambe atapita kumunsi kwa munda, a Maliseni anasamba m'manja katatu ndi sopo, mpaka zikhadabo. Anagwada pamtengo paja n'kuyamba kuthyola okha, chimodzichimodzi, mosamala ngati akutola mazira. Kenako anakakhala pakhonde, n'kutulutsa m'sutikesi chitenje cha akazi awo chimene anachisunga chochapachapa.

Mabuluberi amakhala ndi kafumbi koyera pakhungu, ngati awazidwa phulusa. A Maliseni kafumbi kameneka sankakakonda. Ankadziwa kuti lamulo likuti osakhudza, koma mumtima mwawo ankati ndi kunyada chabe kwa anthu a kunja, amene amanyansidwa ndi manja a mlimi koma osanyansidwa ndi fumbi la m'munda mwake. Zifukwa zake alangizi ananena kumisonkhano, koma amene ankapita kumisonkhanoko anali aNangondo. Azungu adye fumbi lawo, imeneyo ndi nkhani yawo. Koma akazi awo? Mayi amene sanapatsepo munthu pichesi, suku kapena mango asanapukute pachitenje, ngakhale chipatsocho chitatsukidwa kale? Mayi amene tsiku loyamba kukumana, pamsika wa mphepete mwa msewu, anapukuta pichesi mpaka kuwala asanawapatse, iwo n'kuiwala chenji? Kutumiza fumbi kwa munthu wotere, ali pamphasa, kukanakhala chipongwe.

Anapukuta chimodzichimodzi, mpaka chilichonse chinada bii n'kumanyezimira. Zinawatengera maola awiri. Atamaliza anakayang'ana kabokosiko ndipo mtima wawo unakhala pansi. M'Bembeke monse munalibe mabuluberi okongola ngati amenewo.

Shedi ya kopaletivi inali itadzaza, poti linali tsiku lomaliza kulandira zipatso. Timabokosi tinkayenda palamba n'kumadutsa pansi pa Diso, makina oyesa amene ankaona chipatso chilichonse pachokha asanadinde chidindo. Woyang'anira ntchitoyi anali Edina Chimbalanga, mayi wachitsikana wophunzira za mbewu, wolankhula mofatsa koma wosagwedezeka pa lamulo. A Maliseni anadikira kuti ayang'ane kumbali, ndipo anaika kabokosi kawo pakati pa tinzake. Sankaona ngati akuba. Ankaona kuti Diso likaona ukhondo wotere lichita manyazi lokha.

Lamba anaima. Nyali yofiira inayaka, ndipo mawu anamveka shedi yonse.

"Dzanja la munthu. Munda wa Maliseni, mtengo woyamba. Zipatso zonse zakhudzidwa."

Anthu onse anatembenuka. A Kamphinda, mnzawo wa kuubwana amene ankalima moyandikana nawo, anakuwa ali kumbuyo, akuwaitana ndi mfunda wawo. "Aphiri, mutiphera msika! Kabokosi kamodzi kotere kakapezeka kutsidyako amabweza bokosi lonse, simukudziwa?"

"Ndasamba katatu!" anatero a Maliseni. Anatambasula manja kuti aliyense aone. "Onani! Muli litsiro m'menemu? Makina anuwa akuti manja anga ndi onyansa?"

Edina anachotsa kabokosiko palamba, n'kuyatsanso makina kuti ntchito ipitirire. Sanakalipe. Anawagwira pamkono n'kupita nawo kuseri, kukhomo la chipinda chozizira, kumene kunalibe maso a anthu.

"Bambo, mwapukuta?"

"Ndi chitenje choyera."

"Chifukwa chiyani?"

Anamuuza zonse, za tipaipi, za milungu iwiri, za pichesi wa pamsika. Edina anamvetsera osadula, ndipo atamaliza anatenga chipatso chimodzi chosakhudzidwa n'kuchiika pafupi ndi chawo.

"Diso silinanene kuti manja anu ndi akuda, bambo. Koyera aka si fumbi la m'munda. Ndi phula limene chipatso chimadzipaka chokha, ndiye chofunda chake. Limatseka madzi kuti asatuluke, limaletsa nkhungu kuti isalowe. M'bokosi logonetsa, chipatso chokhala ndi chofunda chake chimagona. Chovulidwa sichigona, chimatuluka thukuta, chimayamba nkhungu, n'kupatsira zinzake zonse. Zanuzi zikanafika kwa amayi zitamera ndevu."

A Maliseni anayang'ana tizipatso tawo tonyezimira tija nthawi yaitali. Manyazi anawagwira, koma chimene chinawawawa kwambiri sichinali manyazi.

"Ndiye kuti ndazivula ndekha," anatero motsitsa. "Ndipo ndathyola zonse. Mtengowo ndausiya wopanda kanthu, mwana wanga. Dzungu likubweranso liti?"

"Seputembala wa chaka chamawa."

Anakhala pansi pakhomo pomwepo, chipewa m'manja. Sanalire mokweza. Misozi inkangotsika yokha n'kumalowa m'ndevu.

Edina analemba dzina lawo pakabokosi kokanidwako n'kukaika pashelefu m'chipinda chozizira. "Izi ndikusungirani, musazitaye. Tsopano dzukani. Mwati mwathyola zonse, koma mwathyola ndi maso a zaka zingati?"

"Makumi asanu ndi limodzi kudza zisanu ndi ziwiri."

"Tiyeni tikafunse amene amaona kuseri kwa tsamba."

Anafika kumunda dzuwa litapendeka, mitambo yakuda itayamba kusonkhana kumbali ya phiri. A Maliseni anamasula okha kansalu kofiira kaja. Nanzikambe anabwera ndi kayendedwe kake kosafulumira, anthu awiriwo akumuyang'ana mitima ili m'mwamba. Anazungulira mtengowo kawiri. Kenako anapinda miyendo yakutsogolo, n'kulowetsa kapaipi kake m'kati mwa nthambi, pansi penipeni pamene munthu sangaone osagona chafufumimba.

Fu! Panapita kanthawi. Fu!

A Maliseni ankawerenga ndi milomo. Zinakwana khumi ndi zisanu ndi zinayi.

"Zakupsa zatha," anatero Nanzikambe. "Kabokosi sikanadzaze."

"Kosadzaza Diso silidinda," anatero Edina. "Tidzazire ndi za mitengo inayi."

"Iyayi. Zione wanena za mtengo wa amake."

"Bambo, mitengo yonseyi inachokera kuti?"

A Maliseni anayang'ana mizere yonse, mpaka kumunsi kumene kunali mpanda. Anakumbukira akazi awo atakhala pansi pa mthunzi ndi kampeni, akudula tinthambi n'kumatizika m'machubu, iwo akudutsa ndi khasu n'kumati mayi inu mudzatidyetsa mikanda.

"Ndi ana ake," anavomera. "Chabwino. Koma za mayi wawo zikhale pamwamba."

Nanzikambe anachita momwemo. Pamene ankatseka kabokosiko a Maliseni anabisa manja awo kumsana, chifukwa ankawayabwa. Zipatsozo zinali zotuwa, zafumbi, zosaoneka bwino ngakhale pang'ono. Anayandikira makinawo n'kunena monong'ona, kuti Edina asamve, "Wachita bwino, iwe." Nanzikambe anawayang'ana ndi diso limodzi, linalo lili kale pamtengo wina.

Lachiwiri m'mawa, kwa nthawi yoyamba m'zaka zinayi, a Maliseni anaima pakati pa munda n'kuliyang'ana Dzungu mpaka linasanduka kadontho kumpoto. Masana ake mvula yoyamba inagwa.

Masiku atatu amenewo sanagwire ntchito yooneka. Zione ankatumiza mawu m'mawa uliwonse: amwako madzi pang'ono, agona kwambiri, sanalankhule. Lachisanu m'mawa a Kamphinda anabwera ndi kabokosi kokanidwa kaja, atatumidwa ndi Edina, ndipo anakhala pang'ono pakhonde akukanda m'mutu. "Pajatu ndinalankhula mothamanga, Aphiri. Sindinkadziwa." A Maliseni anangowagwira dzanja. Zipatso zina m'kabokosimo zinali zitayamba kufewa, monga ananenera Edina. Anaziika pampando pambali pawo, osadziwa kuti achita nazo chiyani.

Kalilole analira nthawi ya chakudya chamasana itangodutsa. Munaoneka chipinda choyera, zenera lodontha mvula ya kumeneko, ndi bedi. ANangondo anali atatsamira mapilo atatu. Anali ataonda moti a Maliseni anagwira mwendo wa tebulo. Manja aja amene ankanyamula thumba la mbatatesi anali ngati timitengo.

"Ndakapeza, ababa," anatero Zione, akuonetsa kabokosi. "Chidindo chikuti munda wa Maliseni, Bembeke." Anatsegula n'kuyang'anamo. "Koma zatuwatu. Ndikazitsuke kaye?"

"Iyayi!" A Maliseni anadzidzimuka ndi mawu awo omwe. "Usazikhudze. Apatse choncho."

Zione anaika kabokosiko pamiyendo pa amake. "Amayi, izi zachokera kumudzi. Ndi za mtengo wanu uja munabzala pamutu pa munda."

ANangondo sanaonetse kuti amva. Maso awo anali pazenera. Panapita nthawi yaitali, moti a Maliseni anayamba kukonza mawu otonthoza mwana wawo. Kenako maso aja anatsika n'kugwera m'kabokosi. Nkhope inachita tsinya, tsinya limene a Maliseni ankalidziwa bwino, la tsiku limene apeza mbale yosatsukidwa bwino.

"Fumbi," anatero aNangondo. Mawu anali okuluwika, koma anamveka. "Ndani amapatsa munthu zinthu zafumbi?"

Dzanja lamanzere, limene sitiroko inalisiya, linanyamuka. Linatola chipatso chimodzi pamwamba. Linafufuza chitenje m'chiuno, osachipeza, ndipo linagwira ngodya ya nsalu ya pabedi. Anayamba kupukuta, pang'onopang'ono, akuchitembenuza ndi chala chachikulu, mpaka chinada bii n'kuwala. Zione anatseka pakamwa ndi manja onse awiri.

Atamaliza sanachiike m'kamwa. Anakweza mutu n'kuyang'ana uku ndi uku, ngati munthu amene wabwera ndi madzi koma sakuona amene anawapempha. Maso awo anafika pa kalilole. Anaima pamenepo.

"Mwakhala pamenepo nthawi yonseyi osanena?" anatero. Anatambasula dzanja, chipatso chili pakati pa zala. "Kwayani, bambo a Zione. Ndapukuta."

Chaka chathunthu a Maliseni anali asanaitanidwe choncho. Dzanja la akazi awo linali pafupi kwambiri, kuseri kwa galasi, ndipo pakati pawo panali maiko ndi nyanja. Anaopa kuti akachedwa dzanjalo litopa, n'kutsika, ndipo maso aja abwerera kuzenera.

Dzanja lawo lamanzere linapita lokha pampando. Linatola chimodzi mwa zokanidwa zija, chakuda, chonyezimira, chofanana ndendende ndi chimene chinali m'dzanja la aNangondo. Anachibisa m'chikhatho, n'kufikitsa manja onse awiri pagalasi, monga amalandirira munthu waulemu. Kumbali inayo Zione anamvetsa. Anayandikira mwakachetechete n'kulandira chipatso chija m'zala za amake. A Maliseni anabweza manja, anatsegula chikhatho, n'kuika chipatsocho m'kamwa akazi awo akuona.

Chinali chofewa, chitayamba kusasa. Anatafuna pang'onopang'ono.

"Chikukoma?" anafunsa aNangondo.

"Chikukoma kwambiri, mayi. Munabzala bwino."

"Paja munkati ndi mikanda."

A Maliseni anaseka, misozi ikutsika, ndipo sanaipukute. "Ndinalakwa. Ndadya ine, mayi a Zione. Tsopano idyani inu."

Anatola china n'kuchifikitsa pagalasi. Zione, amene anali adakali ndi chipatso chija m'manja, anachiika m'chikhatho cha amake. ANangondo anachiyang'anitsitsa, kuona ngati chapukutidwa bwino. Anakhutira. Anachiika m'kamwa.

Anadya zisanu ndi ziwiri tsiku limenelo. Chilichonse ankayamba apukuta n'kupatsa amuna awo, ndipo amuna awo ankadya chimodzi mwa zokanidwa zija, kenako n'kubweza. Pa chachisanu ndi chitatu anatopa, n'kugona dzanja lili m'kabokosi. M'mawa mwake analandira phala, koma anayamba afunsa ngati bambo a Zione apatsidwa lawo, ndipo bambo a Zione anali kale pa kalilole ndi mbale yawo ndi supuni, atavala jekete la kutchalitchi.

Matenda sanachoke. Masiku ena ankawadziwa, masiku ena ayi. Koma Zione anaphunzira kuti amake sankafuna kudyetsedwa, ankafuna kudyetsa. Kuyambira pamenepo chakudya chilichonse ankachibweretsa chosamaliza kukonza, nthochi yosasenda, tiyi wosatakasa, kuti dzanja lija lipeze chochita lisanapereke.

Mlungu wotsatira a Maliseni anapita kushedi kukabweza kabokosi kopanda kanthu. Zipatso zinali zitatha, lamba ataima, ndipo Edina ankaphimba Diso ndi nsalu kuti lidikire chaka china. Anamuuza zonse, ndipo mtsikanayo anayang'ana kumbali kwa kanthawi, akukonza nsalu imene inali yokonzeka kale.

"Ndiye zikanapita zanu zopukuta zija, ngakhale zikanafika bwinobwino…" anayamba Edina.

"Akanangoziyang'ana," anamaliza a Maliseni. "Pakanakhala palibe choti achite. Ine ndinafuna kuwagwirira ntchito yawo."

Pobwerera anadutsira kumunda. Nanzikambe anali ataimikidwa pansi pa denga lake, miyendo itapindidwa, maso onse awiri atazimitsidwa. A Maliseni anaima pambali pake kwa kanthawi. Zaka zonsezi ankati makinawa anabwera kudzachotsa manja a anthu pa chakudya. Amene anawapanga ankaganiza za nkhungu, za misika ndi za masiku a paulendo, ndipo za mayi wodwala wa ku Bembeke sankazidziwa n'komwe. Koma ndi makina omwewo amene ananyamula kafumbi kaja kudutsa chipululu ndi nyanja osakasokoneza, kuti dzanja loyamba kukachotsa likhale la mwini mtengo.